Mchombo Usanagwe

Mukalowa mu msika wa Lundazi n'kulunjika kumene kumakhala a nyemba, mawu oyamba kukulandirani ndi a Tryphena. Mwiniwake simumuona msanga, chifukwa ndi wamfupi ndipo amabisika kuseri kwa matumba, koma mawu ake amakafika mpaka kokwerera mabasi. "Nyemba zofewa! Zosatha malasha! Bwelani muone, kuona salipilitsa!" Ine ndine Peggy, ndimagulitsa tomato ndi anyezi pa tebulo loyandikana ndi lake, ndipo khutu langa lakumanzere linatopa kalekale chifukwa cha iye. Ndinabwera kuno kuchokera ku Chipata, kutsatira bambo akunyumba amene anali mphunzitsi. Iwo anatsogola, ine ndinatsala ndi tomato.

Tryphena ndi mwana wa kwa a Nyirenda. Mayi ake anamwalira iye akadali wamng'ono, ndiye analeredwa ndi bambo ake, a Wilbroad, amene ankakonza njinga pansi pa mtengo wa mango m'mbali mwa msewu. Anakula akununkha girisi, akuitanira bambo ake makasitomala, ndipo n'kumeneko kumene anakulitsira kukhosi. Sukulu anaisiyira panjira n'kuyamba kukazinga mtedza. Kenako anakwatiwa ndi Ezron Mtonga, mlimi wa chimanga ndi nyemba wa cha kwa Magodi, munthu woti ukamufunsa funso m'mawa yankho limabwera dzuwa litapendeka. Ezron amalima, Tryphena amagulitsa. Mkati mwa sabata amagona m'kachipinda kakuseri kwa nyumba yanga, Loweruka n'kukwera lole ya kanta kubwerera kumudzi.

Pa msika pathu mkazi wapabanja saitanidwa ndi dzina lake ngati kamtsikana ka sukulu. Ine ndine amake Justina. Mnzathu wogulitsa nsomba za kapenta ndi amake Eness. Tryphena yekha ndiye anali Tryphena, ndipo chifukwa chake tonse tinkachidziwa koma palibe ankachitchula.

Mwana wake woyamba anali wamkazi. Anabadwira kumudzi, anakhala masiku ochepa, n'kupita mchombo usanagwe. Kwa a Mtonga, monga m'midzi yambiri kuno, mwana sapatsidwa dzina mpaka mchombo utagwa ndipo watuluka m'chikuta, m'nyumba mmene mayi ndi khanda amabindikira masiku oyamba. Dzinalo limachokera kuchimuna. Akapita asanafike pamenepo amati anali mlendo, wabwerera. Sipakhala bokosi, sipakhala nyimbo, amuna sapitako. Amayi akuluakulu amamukulunga m'kansalu n'kukamuika kuthengo mwakachetechete, ndipo mayi wake amauzidwa kuti asalire mokweza, kuopa kuti angadzitsekere mimba.

Apongozi ake a Tryphena, aNyaZimba, si munthu woipa, ndisawanamizire. Iwo ndi amene anang'amba pakati chitenje chawo chatsopano, chobiriwira cha maluwa achikasu, n'kukulungamo kamwanako. Koma iwonso ndi amene anaika dzanja pakamwa pa Tryphena pamene kulira kunayamba kutuluka. Atabwerera ku msika anakhala nyengo yonse ya dzinja osaitanira malonda. Wogula akabwera ankangomuyezera nyemba m'kachitini ka meda, basi. Ine amene ndinkadandaula za phokoso ndinayamba kulisowa. Tsiku lina tikusankha nyemba anangoti, osandiyang'ana, "Amake Justina, mwana wanga anali na zala zitalizitali. Manje nikambe na ndani, pakuti akuti sanaliko?" Ndinangopitiriza kusankha nyemba, ine amene pakamwa sipauma.

Patapita nthawi mawu anabwerera, ndipo kenako anaimanso. Koma mimba imeneyi inali yodabwitsa. Inakula mopyola msinkhu wake, yonyezimira, moti amayenda chopenya kumwamba. Amake Eness ankamuseka kuti wanyamula mapasa ndi mlendo wawo yemwe. Ku sikelo ankapita mokhulupirika, koma pa kliniki ya kwawo panalibe makina ounikira m'mimba, ndipo anamwino ankangoti madzi achuluka. Tryphena ankaseka nafe, koma ndinkamuona akuika dzanja pamimba n'kumamvetsera, nkhope itagwa. Mwezi wake utayandikira, aNyaZimba anamuitanitsa kuti akachirire kufupi ndi kwawo.

Zimene zinachitika pa klinikipo anandifotokozera yekha pambuyo pake. Mwana anabadwa m'mawa, wamwamuna. Analira, koma kulira kwake kunali kochepa, kosasa. Kamimba kake kanali kolowa m'kati ngati mbale, pamene chifuwa chinali chotukuka. ANyaZimba anati njala imeneyo, muyamwitse. Atangomuika kubere n'kumeza kangapo, milomo yake inada bii, kachifuwa n'kuyamba kukoka mofulumira. Namwino wa pamenepo, Sista Racheal, anamulanda n'kuchita zimene namwino aliyense anaphunzitsidwa khanda likamabanika: anamuvundikira kachipangizo pamphuno ndi pakamwa n'kuyamba kupopa mpweya. Koma m'malo moti mwana atsitsimuke, anangoderaderabe. Sista anasiya kupopa, anaika chomvetsera pachifuwa, n'kumvetsera. Mtima unkagunda kudzanja lamanja. Kumanzere, kumene kumayenera kumveka mpweya, kunkamveka kulira kwa matumbo.

Tryphena akuti Sista sanatayenso nthawi. Anakankhira chopopera chija kutali, anatenga kapaipi kakang'ono n'kukalowetsa m'mphuno mwa mwana mpaka m'mimba. Mpweya unatuluka fyuu, ndipo mwana anayamba kuyera pang'ono. "Osamuyamwitsanso," anatero Sista. "Olo alile bwanji, osamupatsa chilichonse. Mwamvela?" Atatero anaimbira ambulansi.

Ine foni inandipeza ndikukangana ndi munthu pa mulu wa tomato. Anali Ezron, ndipo kwa nthawi yoyamba m'moyo wake analankhula mofulumira. "Amake Justina, tili mu njila, tibwela ku chipatala cha pa boma. Mwana sali bwino. Tryphena akuti mubwele." Ndinasiyira amake Eness tebulo ndipo ndinathamanga ndi epuloni yomwe.

Ndinawapeza atangochokera kojambula ekisire. Mwanayo anamugoneka chotsamira, mutu m'mwamba, timapaipi ta okosijeni m'mphuno. Ana ndabereka, adzukulu ndasambitsa, koma kupuma kotero ndinali ndisanakuonepo. Pansi pa nthiti pankalowa m'kati nthawi iliyonse akakoka mpweya, ngati pali wina akumutsina. Tryphena anakhala pa benchi, chitenje chonyowa, maso ali gwa pa kachifuwako, osaphethira.

Dokotala anali mayi wachitsikana wamagalasi. Anakweza chithunzi cha ekisire pawindo n'kutiitana tonse. Anafunsa Ezron ngati anaphapo mbuzi. Ezron anagwedeza mutu kuvomera. Ndiye dokotala anati akumbukire kanyama kopyapyala kamene kamayala pakati, kolekanitsa mapapo ndi mtima kumtunda, matumbo ndi chifu kumunsi. Munthunso ali nako, ndipo n'kamene kamatithandiza kupuma. Mwa mwana uyu kanyamako sikanatsekeke konse pamene ankaumbika m'mimba. Kumanzere kunatsala chibowo, matumbo anakwera kudzera pamenepo n'kukakhala m'chifuwa. Anatilozera timizeremizere tozungulira tokhala ngati thovu pamene panayenera kukhala papo. Papo lakumanzere linapanikizika ndipo silinakule bwino, mtima unakankhidwira kumanja. Mwana akameza mkaka kapena mpweya, matumbo amafufuma m'chifuwamo n'kupanikiza mapapo koposa. N'chifukwa chake kupopa kuja kunamuipira, ndipo n'chifukwa chake kapaipi ka m'mphuno kanamupulumutsa.

"Ninadya chinthu choipa?" anafunsa Tryphena. "Kapena ni kunyamula masaka?"

Dokotala anati ayi. Si chakudya, si ntchito, si munthu. Zimachitika zokha m'miyezi yoyambirira, ndipo madzi ochuluka aja nthawi zina amakhala chizindikiro chake. Mankhwala akumwa palibe. Pamafunika opaleshoni yotsitsa matumbo n'kusoka chibowocho, ndipo madokotala a makanda otere ali ku Lusaka. Sanatibisire. Anati ana ambiri obadwa chonchi safika n'komwe pa opaleshoni, koma uyu akupuma yekha, ndiye mwayi ulipo.

ANyaZimba anali atakhala pansi pakhonde, miyendo yotupa atatambalala. Atamva za Lusaka anagwira mutu. "Mwana wa m'chikuta kuyenda ulendo wose uwo? Mchombo undawe? Yayi, ine nindaonepo." M'chilankhulo chakwawo ankati mchombo sunagwe, ndipo zotere sanazionepo. M'ambulansi munali malo a mayi ndi womudikirira mmodzi. Iwo miyendo sinkawalola, Ezron anayenera kubwerera kukasiya ng'ombe m'manja mwa anthu, ndipo ine ndili ndi Justina wanga amene amakhala ku Lusaka. Mwana wa mnzako ngwako yemwe. Ndinavula epuloni n'kukwera.

Ulendo umenewo sindiufunira ngakhale mdani wanga. Msewu wa ku Chipata ndimaudziwa ngati chikhatho changa, koma tsiku limenelo dzenje lililonse linkandilowa m'mafupa. Namwino amene anatiperekeza ankakoka mpweya ndi timadzi tobiriwira m'kapaipi kaja ndi jakisoni wopanda singano, diso lina lili pa botolo la okosijeni. Ku Chipata anatisunga kuti mwana akhazikike, anamuika diripi, anasintha botolo, ndipo kutacha tinapitirira. Pa mapiri a ku Luangwa galimoto ikamakhota, kamutu kankagwedera, kachipangizo koyezera mpweya kamene anamukanikiza kuphazi n'kuyamba kulira. Kakalira, Tryphena ankandifinya dzanja mpaka zikhadabo kulowa. Mwana ankatsegula kukamwa kufunafuna bere, mkaka uli chuchuchu pa bulauzi ya mayi ake, koma Tryphena anapinda manja kumbuyo ngati womangidwa. Njira yonseyo sanalankhule kanthu kupatula kamodzi kokha. "Amake Justina, akafela mu njila, azamutaya kuti? Kuno sitiziwa munthu."

"Khala chete iwe," ndinamukalipira. "Afela chani? Suona apuma?"

Ku Lusaka anamulowetsa m'chipinda cha makanda odwalitsa, mmene umalowa utavula nsapato n'kusamba m'manja mpaka m'zigongono. Ine ndinkangoonera pagalasi. Anamugoneka pa kabedi kofunda, mawaya pachifuwa, ndipo pa kakhadi ka kumutu analembapo kuti mwana wa Tryphena, poti dzina analibe. Tinkayembekeza kuti amuthamangitsira ku fiyeta, kochitira opaleshoni, tsiku lomwelo, koma dokotala wa opaleshoni, bambo wamtali wa imvi m'mbali, anati ayi. Vuto lalikulu si chibowo, ndi mapapo. Mitsempha ya m'mapapo mwa ana otere imakhala yothina, magazi amavutika kudutsa, ndipo ukathamangira mpeni mwana asanakhazikike umamutaya. Anaunika mtima ndi makina, anati mtima ulibe chilema. Tsono tidikire.

Kudikira ndi matenda ena. Tryphena ankagona kumalo ogona amayi, ine kwa Justina, m'mawa uliwonse n'kubwera ndi tiyi ndi mabanzi zimene iye sankadya. Ankafinyira mkaka m'kakapu, anamwino n'kukausunga mufiriji kudikira tsiku limene mwana adzaloledwe. Masiku ena manambala a pa makina ankakwera, anamwino n'kumwetulira. Masiku ena ankatsika, anthu ovala zoyera n'kuunjikana pa kabedi, ife kunja mitima ili m'malere. Pa bedi loyandikana ndi lake panali khanda lina limene tsiku lina m'mawa tinapeza palibe, matiresi atapukutidwa. Tryphena anayang'ana malo opanda kanthuwo nthawi yaitali.

Chimene chinamusautsa koposa chinali mchombo. Mitsempha ya m'manja mwa khanda ndi yaing'ono, ndiye madokotala analowetsa kapaipi ka diripi pa mchombo penipeni, n'kukamanga ndi ulusi. Chakudya chonse cha mwanayo chinkadutsa pamenepo. Tsiku lina anatuluka m'chipindamo n'kundikokera pakona.

"Amake Justina, mchombo uja siuzagwa. Aumanga. Ninafunsa ba sista, akuti kapaipi kazachoka pambuyo pa opaleshoni."

"Nanga vuto n'chani? Si ndiye kamudyetsa?"

"Azangena ku fiyeta alibe zina."

Ndinamvetsa: mwana wopanda dzina akapita saliridwa. Mantha ake sanali a imfa yokha. Ankaopa dzanja lija pakamwa.

Ezron anafika pa basi tsiku limene dokotala ananena kuti mwana wakhazikika, opaleshoni ichitika mawa lake m'mawa. Anabwera ndi jekete lake la ku tchalitchi ndi chikwama chimene mayi ake anamulongedzera. Tinakhala pa kapinga kunja kwa chipatala, iye n'kuyamba kutulutsa katundu: mtedza wokazinga, ufa wa phala, sopo, nsapato za Tryphena. Pansi penipeni panali kansalu kopindidwa bwinobwino. Kobiriwira, ka maluwa achikasu, mbali imodzi yong'ambidwa.

Ine ndinakazindikira chifukwa nkhani yake ndinkaidziwa. Tryphena sanakakhudze. Anangobwerera m'mbuyo chokhala, ngati waona njoka.

"Ichi n'chachani?" anafunsa ndi mawu otsika kwambiri.

Ezron anayang'ana pansi. "Amama anangoika. Akuti... akuti mwina chingafunike. Kuno ni kutali."

Ndinapsa mtima mpaka makutu kulira, ndipo ndikanakhala kuti aNyaZimba anali pafupi ndikanawauza mawu oti sakanawaiwala. Koma pansi pa mtima ndinkadziwa kuti mayi uja sanachite mwankhanza. Anasunga theka la chitenje chija zaka zonsezi, ndipo m'nzeru zake ankatumiza ulemu wokhawo umene ankaudziwa, kuti mdzukulu wake asakakulungidwe m'nsalu ya eni. Kungoti ulemu wina umalasa ngati mkondo.

"Ezron," anatero Tryphena, "mupatseni zina mwana."

"Mchombo ukalibe kugwa. Amama akuti tikabwelela ku nyumba, adada aang'ono ndiye..."

"Mupatseni zina lelo. Ndimwe awisi, atate ake."

"NyaNyirenda, mwambo uuziwa. Nikachita ivo, chikachitika chinthu, azakamba kuti ndise tamuitanila."

Ezron si munthu wouma mtima. Ankaopa mayi ake, ankaopa mwambo, ankaopanso kuti akatchula dzina ndiye kuti wavomera kukonda chinthu chimene chingamuchoke mawa. Anapindanso kansalu kaja n'kukabwezera m'chikwama. Tryphena ananyamuka n'kubwerera kwa mwana wake.

M'mawa mwake anatiitana. Dokotala wamtali uja anafotokozanso pang'onopang'ono: amugoneka tulo, makina azimupumira, acheka pansi pa nthiti zakumanzere, atsitsa matumbo kubwerera kwawo, asoka chibowo. Chikakhala chachikulu aikapo chigamba. Ananenanso kuti pali ana ena amene sadzuka, ndipo pali ena amene amadzuka koma mapapo n'kulephera pambuyo pake. Ezron anasaina, cholembera chikuterereka ndi thukuta.

Kenako anamutulutsa. Kabedi kamagudumu, botolo la okosijeni kumiyendo, anamwino awiri. Mwana ankaoneka wochepa kuposa kale pakati pa mapaipi onsewo, maso otseka, kachifuwa kakukoka. Tinatsatira m'khonde lalitali mpaka pa chitseko chimene achibale sadutsa. Namwino wamkulu anaima kuti atsimikize, anawerenga kakhadi n'kunena kuti, "Mwana wa Tryphena Mtonga, eti?" Wina anali atayamba kale kukankha chitseko.

Apo ndi pamene mawu aja anatuluka. Osati a m'chipatala, onong'ona, amene anakhala akulankhula masiku onsewo. Anatuluka a ku msika, aja ofika kokwerera mabasi.

"Wilbroad!"

Khonde lonse linaima. Mayi wina amene ankakolopa anagwetsa mopu. Mlonda anasuzumira pakona.

"Zina lake ni Wilbroad! Lembani! Wilbroad, ndine amako, wamvela? Uyende ubwele!" Misozi ili mbwembwembwe, anatembenukira kwa mwamuna wake. "Akapita, apite na zina. Nizamulila, Ezron. Nizalila mpaka ku Magodi amve. Kulibe azanigwila pakamwa."

Ndinkadikira kuti namwino atikalipire chifukwa cha phokoso. Koma anangotulutsa cholembera m'thumba, anayang'ana Ezron n'kufunsa, "Atate, tilembe?"

Ezron anayang'ana mwana, anayang'ana mkazi wake. Dzinalo silinali la kwawo, linali la wokonza njinga wa kwa Nyirenda, ndipo mchombo unali pomwepo, womangidwa ndi ulusi, aliyense akuuona. Ndinaganiza kuti yankho libwera dzuwa litapendeka monga mwa masiku onse.

"Lembani," anatero. "Wilbroad Mtonga."

Chitseko chinatsekeka.

Tinakhala pa benchi. Sindikudziwa kuti tinakhala nthawi yaitali bwanji, chifukwa wotchi ya pakhoma ndinasiya kuiyang'ana itayamba kundidwalitsa. Ndinapemphera mapemphero onse amene ndimawadziwa mpaka ndinayamba kubwereza. Ezron anatuluka, anabwera, anatulukanso. Tryphena atatha kufuula kuja mphamvu zinamuthera, anangokhala manja ali pamiyendo. Kamodzi anandinong'oneza, "Amake Justina, kapena nalakwa? Kapena namuitanila?" Ndinamuuza kuti dzina silinaphepo munthu, koma kunena zoona nanenso mantha amenewo anali atandilowa. Tinakulira momwemo tonsefe. Chitseko chikatseguka mtima unkachita phaa, n'kupeza ndi munthu wonyamula mabotolo.

Kenako panatuluka namwino wovala chisoti cha ku fiyeta, chophimba pakamwa chili pakhosi. Anayang'ana uku ndi uku pa anthu amene tinali pa mabenchi.

"Amake Wilbroad?"

Tryphena ankayang'ana pansi.

"Amake Wilbroad ali kuti?"

Ine ndinkadikira kuti anyamuke, koma iye anatembenuka n'kuyang'ana amayi ena a pa benchi, kufuna kuona amene akuitanidwa. Chibadwire palibe anali atamuitanapo choncho. Ndinamugunda ndi chigongono. "Iwe, ndiwe. Akuitana iwe."

Anaimirira ngati munthu wodzuka kutulo, anagwira khoma. Namwino anamuyandikira n'kumugwira paphewa.

"Yatha bwino, amai. Chibowo sichinali chikulu, asoka popanda chigamba. Akali pa makina, masiku akubwela ni ovuta, koma mwana wanu ni wolimba. Bwelani mumuone pa galasi."

Tryphena anakhala pansi pa simenti n'kuyamba kulira mokweza, kulira kwenikweni kwa pamaliro, kokoka. Anthu ankadutsa akugwedeza mitu mwachisoni poganiza kuti mwana wapita. Ezron anagwada pambali pake, ndipo dzanja lake linapita pamsana, osati pakamwa. Ine sindinamuletse. Ndinkadziwa kuti kulira kumeneko sikunali kwa Wilbroad yekha.

Masiku otsatira analidi ovuta. Mwana anatentha thupi, anamubwezera pa makina atamuchotsapo kale, ndipo tinayambiranso kuwerenga nkhope za anamwino. Koma pang'onopang'ono papo lija linayamba kufutukuka. Mkaka wa mufiriji uja anayamba kumupatsa kudzera m'kapaipi, madontho ochepa, kenako kasupuni. Tsiku limene anamulola kuyamwa, Tryphena anachita mantha mpaka namwino anachita kumugwira dzanja. Mchombo unagwa wokha kapaipi katachoka, ndipo Tryphena anaumanga pa mfundo ya chitenje kuti akapatse apongozi ake, akachite nawo za mwambo wawo. ANyaZimba anaulandira ndi manja awiri. Za dzina sananenepo kanthu kwa sabata yathunthu, kenako tsiku lina anamveka akuti, "Mulete kuno Wili uyo, nimuone chilonda." Kansalu kobiriwira kaja sindinakaonenso, ndipo sindinafunse.

Lero Wilbroad akuyenda chogwira matumba a nyemba. Ali ndi chipsera chachitali pansi pa nthiti, amabwezabweza chakudya, ndipo chifuwa chikangomugwira timathamangira kuchipatala osadikira mawa, chifukwa anatichenjeza kuti papo lake lidzakhala lofooka kwa zaka. Mantha sanamuchoke Tryphena. Pakati pa kuyeza meda amatha kusiya wogula ali chiimire, n'kunyamula mwana, n'kuika khutu pachifuwa chake kumanzere. Akamva kugunda m'malo mwake, amamutsitsa n'kupitiriza malonda. Khutu langa lakumanzere layambiranso kuvutika, ndipo sindidandaula.

Tsiku lina kunabwera mayi wachilendo, mwina mphunzitsi wongosamukira kuno, kudzagula nyemba. Anasewera ndi mwanayo pang'ono n'kufunsa, monga amafunsira aliyense, "Ni woyamba uyu?"

Amake Eness anayang'ana kumbali. Ine ndinayamba kusanja tomato amene anali wosanja kale. Funso limenelo yankho lake la mwambo timalidziwa tonse, ndipo ndi lalifupi.

Amake Wilbroad anathira nyemba m'pepala la mayiyo, anawonjezera kadzanja ka basela, n'kumuyang'ana m'maso.

"Yayi, ni wachiwili," anatero, mokweza moti a kapenta anamva. "Mukulu wake anali mukazi. Anali na zala zitalizitali."